Wakuba wa Tsiku la Maliro

Panali mlimi wina, m'dziko lomwe inu ndi ine sitidzapondako. Kumeneko kunali mtengo wa mlambe wokhala ndi mphako yaikulu. Munthu akalowa m'mphakomo chafutambuyo, ankatulukira m'tsiku lomwe linapita kale. Koma tsikulo sankasankha yekha. Mtengowo unkamuponya pa tsiku limene mtima wake unkaliganizira kwambiri.

Chaka chimenecho mvula inadula msanga, ndipo mlimiyo anangokolola mitanga isanu ya chimanga. Tsiku lina m'mudzimo munagwa maliro. Mukudziwa mmene timachitira: aliyense amatseka chitseko n'kupita. Mlimiyo anali m'gulu la adzukulu, akukumba manda kuyambira m'mawa. Pobwerera kunyumba anapeza nkhokwe ili pululu, ngakhale chitsononkho chimodzi munalibe.

Mayi wina wodwala, amene anatsala pakhonde tsikulo, anati anaona mwamuna akututa mitanga. Nkhope sanaione, koma msana ndi kayendedwe zinali za pabanja pomwepo. Tsono pabanjapo amuna analipo awiri okha, mlimiyo ndi mng'ono wake Lufeyo. Ndipo Lufeyo kumaliroko sanaoneke. Iye ankati anali kutchire kufunafuna ng'ombe yake yosokera. Koma abale anga, munthu wosapita kumaliro angamukhulupirire ndani?

"Achimwene, ndilumbire pa chiyani?" anatero Lufeyo misozi ili mbwembwembwe. "Chimanga chanu sindinachikhudze ine."

Mkulu wakeyo anamutulutsira katundu panja. Lufeyo ananyamuka ndi mkazi wake n'kukakhala kuseri kwa phiri, ulendo wa masiku awiri.

Itafika miyezi ya njala, zinthu zinavuta zedi. Ana a mlimiyo anasiya kusewera. Wamng'ono anayamba kutupa mapazi. Bamboyo anachita mantha, ndipo anaganiza kuti, "Ndibwerere kumbuyo nkhokwe ikadali yodzaza, ndikatenge chimanga wakubayo asanafike. N'changa chomwe, si kuba kumeneko."

Pamlambe paja pankakhala mayi wina wosesa, amene ankadziwa malamulo a mtengowo. Mayiyo anamuchenjeza. "Bambo, mumvetse bwino. Chimene chakubweretsani kuno ndicho chingwe chokubwezerani kwanu. Mukakachidula kumeneko, ndiye kuti simunakhalepo ndi chifukwa cholowera muno. Nanga munthu amene sanalowe angatuluke bwanji? Mudzangozimirira, ndipo palibe adzadziwe kuti munasowa."

Mlimiyo anagwedeza mutu, koma maganizo ake anali pa mapazi a mwana uja. Anatenga mtanga n'kulowa chafutambuyo.

Anatulukira dzuwa lili paliwombo. Mudzi unali zii. Anathamangira kwawo, ndipo nkhokwe anaipezadi ili ndi chimanga chake. Atangotambasula dzanja, anamva nyimbo ya maliro ikuchokera kumanda. Anacheuka. Pakhonde lina panali mayi wodwala uja, atafunda nsalu, akuyang'ana kumene iye anaima.

Apo m'pamene anazindikira. Linali tsiku lomwe lija. Anadikira pang'ono kuti mwina Lufeyo atulukira, mwinanso munthu wina aliyense. Sikunabwere munthu. Panalibe wakuba wina woti amudikire. Pankhokwepo panali iye yekha ndi mtanga wake.

Tsono taonani pamene anafika munthuyu. Akachisiya chimangacho, ana ake adya, njala siibwera, ndipo Lufeyo akhala pamudzi dzina lake lili loyera. Koma popanda njala, iye sakanapita kumlambe, ndiye kuti amene waima pankhokweyu azimirira. Ana adzakhala ndi bambo wawo, uja akukumba manda, koma iyeyu sadzawaonanso. Akachitenga, abwerera kwawo, koma mng'ono wake athamangitsidwa chifukwa cha iye.

Nyimbo ya kumanda inasintha, kusonyeza kuti ayamba kukwirira. Nthawi inali kutha.

Anatembenuza nkhope kuti mayi uja asaione, n'kuyamba kututa. Anayenda maulendo asanu kututira chimangacho kumlambe kuja. Ulendo uliwonse ankadziwa bwinobwino chimene akuchita.

Atatuluka m'mphako ku tsiku lake, anapisa dzanja m'chimanga chija. Kalanga ine! Chinali fumbi lokhalokha ndi anankafumbwe akufa.

"Munthu amadumpha masiku, koma chakudya ayi," anatero mayi wosesa uja. "Masiku onse amene mwawalumpha achigwera nthawi imodzi. Mukanafunsa ndikanakuuzani."

Mlimiyo anakhala pansi. Kunyumba kunali ana anjala. Kuseri kwa phiri kunali m'bale wake wosalakwa, amene mwina akanamugawira kanthu. Koma kuti akapemphe, anayenera kuyamba wanena yemwe anaba.

Abale anga, nkhaniyi imandiopsa, ndipo ndikufuna ikuopseninso inu. Tonsefe timakonda kunena kuti, "Ndikanadziwa sindikanachita." Munthu uyu anapatsidwa mwayi wobwerera akudziwa zonse, ndipo anachitanso zomwezo, chifukwa anabwerera ndi mtima womwe uja. Musadzinamize kuti dzulo mukanalikonza. Alipo munthu amene munamusenzetsa mlandu wanu, ndipo dzina lake labwera kale m'mutu mwanu pamene ndikulankhula pano. Munthuyo akadali moyo lero. Za mawa sindikudziwa.