Kathumba Wosula ndi Dzanja Lamanzere

Kalekale, mphwanga, kunali wosula makasu dzina lake Kathumba.

Tsiku lina mphiri inamuluma dzanja lamanja, dzanjalo n'kufota. Mvula inali pafupi, ndipo makasu a m'mudzimo anali atatha kuthyoka.

Khwangwala anatera padenga la chipala, posulira pa Kathumba.

"Zako zada, Kathumba. Taya nyundo, uziyenda nupempha."

"Chafota ndi dzanja," anatero Kathumba. "Maso alipo, mutu ulipo."

Anagwira nyundo ndi lamanzere. Atamenya, chitsulo chinadumpha posowa wochigwira, n'kugwera m'phulusa. Anayesanso. Chinagwanso. Anakhala pansi, misozi ili chuchuchu.

"Ndinanena ine," anatero Khwangwala.

Kathumba anapukuta nkhope, nalowa m'mudzi. Anapeza Nangozo, mkazi wamasiye, akukanda munda ndi mtengo wosongola.

"Mayi, mungandigwirire chopanira?"

"Amati mkazi safika pachipala."

"Nanga njala imafunsa kuti uyu ndi mkazi?"

Nangozo anataya mtengo uja. "Tiyeni."

Anapeza Bwanali, munthu wosaona, akuwothera dzuwa.

"Achimwene, mungandivukutire moto?"

"Maso ndilibe," anatero Bwanali, "koma manja awiriwa atopa n'kukhala."

Atatuwo anayamba ntchito, akuyimba:

Vukuta, Bwanali, vukuta,
Pana, Nangozo, pana,
Mvula itipeze tili chilili.

Khasu loyamba linang'aluka. Khwangwala anaseka mpaka kutsokomola.

"Latiuza kuti moto unachepa," anatero Kathumba. "Libwezereni pamakala."

Lachiwiri linapindika. Tsiku limenelo Kathumba ndiye anafooka, naika nyundo pansi.

"Munatichotsa kwathu kuti tidzaone mukulira?" anafunsa Nangozo. "Ine chala chapsa, koma chopanira sindinasiye. Dzukani."

Bwanali anayambitsa nyimbo. Kathumba anadzuka.

Anasula, anasula, anasula. Khasu lotsatira linalira kuti ngwee. Anthu atamva, anabwera, wina ndi makala, wina ndi thobwa, wina kudzangoyimba nawo. Mvula itagwa, khomo lililonse linali ndi khasu.

Chimanga chitacha, Khwangwala anatsika pansi, mutu uli zyoli.

"Mundigawireko kachimanga."

Nangozo anamuponyera khasu pamapazi. "Munda ndi uwo. Kalime."

Wamva, mphwanga? Khwangwala wotere amatera padenga la munthu aliyense. Usamuyankhe uli wekha. Mtima ukagwa, pakhale mnzako woutola, ndipo wake ukagwa, iwe uutole.

Nthano yanga ndaitula, yathera pomwepa.