Tsiku Lalitali la Nasibeko

Ku zilumba zoyandama mumlengalenga, munthu amatha kutungira m'chipanda tsiku limene anakhalapo kale. Wolimwa amamva zonse za tsikulo, ndipo moyo wake umatalikirako.

Chimbalanga, wolamulira zilumbazo, anaitanitsa Nasibeko. "Undipatse tsiku lako lalitali kuposa onse, apo ayi ndidula chingwe, kachilumba kako kapite ndi mphepo."

Nasibeko anagwada n'kupereka chipanda. "Limeneli dzuwa linkakana kulowa, bwana. Imwani pang'onopang'ono."

Chimbalanga anagugudiza nduna zake zikuombera m'manja. Posakhalitsa anagwira m'chiuno n'kuyamba kugubuduka pansi akubuula.

"Wandimwetsa chiyani, mayi iwe?"

"Tsiku limene ndinabereka, bwana. Limbani mtima, woyamba watsala pang'ono."

"Woyamba?"

"Anali amapasa."