Tsiku Limene Chipale Chinagwa kwa Mtunthama

Pansi pa bedi la a Ephraim ndi akazi awo a Fainala, chakufupi ndi kwa Mtunthama, pankagona thumba limodzi la yureya. Linali la kuponi. Chaka chimenecho feteleza anafika mochedwa, chimanga chitamasula kale ngayaye, ndiye a Fainala, amene anafola masiku atatu padzuwa kuti alipeze, anangoti ligone, lidikire mvula inayo. Ankalilera ngati khanda: pansi matabwa, pamwamba pepala la pulasitiki. Chakudya chonse cha chaka chamawa pakhomopo chinali m'thumba limenelo.

A Ephraim anali kalaliki pa esiteti ina ya fodya. Munthu wa bolopeni ziwiri m'thumba la shati, khasu ankalipewa ngati apongozi. Koma pa nkhani ya maganizo, abale anga, mutu wawo sunkagona.

Tsiku lina ali ku Boma anakhala m'lesitilanti ina momwe munali TV. Ankaonetsa mzinda wina wa ku Asia utalandira masewera a nyengo yozizira. Mayiko a chigawo chonsecho akulowa m'bwalo, lililonse ndi mbendera yake, anthu akutsetsereka pa chipale choyera mbee ngati ufa wosinja. Tiyi anazizira m'kapu a Ephraim ali kukamwa yasa. Pokwera minibasi yobwerera anali atamaliza kale kuganiza. Kuzizira ife tilibe? Juni wa ku Kasungu si uja amasweretsa milomo? Mayiko tilibe? Pa esiteti imodzi yokha pali matenanti ochokera ku Phalombe, ku Mulanje, ku Dedza, ku Mzimba, aliyense ndi chilankhulo chake. Chatsala n'chiyani?

Ndiye fodya atapita ku okushoni, zigafa zili mbee, a Ephraim analengeza Masewera a Chisanu a Mayiko Onse, ochitikira pabwalo la esiteti. Mpira wamiyendo, wamanja, mpikisano wa njinga, kukokana chingwe, bawo la madoda, ndi kuthamanga utasenza belo. Bwana wa esiteti anaseka mpaka kutsokomola, kenako analonjeza mbuzi kwa dziko lopambana. Basi dera lonse linatekeseka. A ku Phalombe anasoka mbendera ya chitenje chakale. A ku Mzimba ankayeserera chingwe madzulo aliwonse pokoka ngolo ya ng'ombe. Amayi a ku Dedza anapeka nyimbo yonyoza golokipa wa Mulanje, masewero asanayambe n'komwe.

Chinthu chimodzi chokha chinkawasowetsa mtendere a Ephraim: kuyera kuja. Bwalo linali fumbi lofiira ndi zitsinde za udzu. A Lemani, mlonda wachikulire amene ankasamala bwalolo, anati mizere alemba ndi phulusa la m'makhitchini ngati nthawi zonse. A Ephraim anakana kuti phulusa ndi la maliro, silioneka pa chithunzi. Laimu kusitolo kunalibe. Ufa sakanayerekeza. Apa ndi pomwe maganizo awo anakwawira pansi pa bedi.

Loweruka la masewerolo, a Fainala analawirira kwa mnzawo kukakazinga mandasi ogulitsa kubwalo. Mame atangouma, a Ephraim anakweza thumba lija panjinga. A Lemani ataona zikuthiridwa pansi, anatola timibulu tingapo n'kutiyang'ana pachikhatho.

"Achimwene, ameneyu si yureya?"

"Lero ndi chipale, madala."

"Amayi kunyumba akudziwa?"

"Ndangobwereka. Madzulo ndisesa, ndisefa, ndibwezera m'thumba. Chotayika mwina kapu imodzi."

A Lemani anawakumbutsa kuti ambiri mwa anthu akubwerawo ndi matenanti, oti maina awo sali m'kaundula wa mudzi uliwonse kuno ndipo kuponi amangoimva pa wailesi, komanso kuti ino ndi nyengo ya madimba. A Ephraim anayankha kuti anthu akubwera kudzaonera masewero, osati kudzalima, n'kupitiriza kuthira. Anazinga bwalo lonse ndi chingwe chomangira mabelo kuti pasalowe munthu nthawi isanakwane.

Tinene zoona, zinakongola. Mizere inali waliwali padzuwa la Juni, yokhuthala ngati dzanja. Pakati pa bwalo anadzazapo poyera mbee, ndipo yureya wotsala anamuunjika kaphiri patsogolo pa mpando wa bwana. Anthu anadzaza mpaka ena m'mitengo ya bulugamu. Ng'oma, malikhweru, mabelu a njinga, fungo la mandasi. Ali kuseri kwa chingwe ankangoti a kalaliki agula penti wa ku tauni. A Ephraim, atavala jekete ndi chipewa cha ubweya ngati anthu a pa TV aja, ananyamula chimkuzamawu chobwereka kutchalitchi.

"Dziko la Mzimba likulowa! Dziko la Dedza likulowa! Manja, manja!"

Dziko la Phalombe linalowa lomaliza, patsogolo pali Olive, kaputeni wa mpira wamanja, wopanda nsapato. Phazi lake litaponda mzere anaima. Penti sabaya. Anawerama ngati akukanda chala, anatola kambulu kamodzi n'kukaika palilime. Kanazizira, kanasungunuka. Mkaziyu ali ndi dimba la tomato kudambo, sanafunike kufunsa munthu. Sanakuwe ayi, Olive si wopusa. Anangogwada mwaulemu ngati akupempherera timu yake, n'kuyamba kukokolera mzere pakona ya chitenje.

Mnzake wam'mbuyo anaona, nayenso anagwada. Wachitatu anagwada. A Ephraim anauza khamu pa chimkuzamawu kuti taonani dziko loopa Mulungu. Koma pemphero lija linkayenda chokwawa kulowera kugolo, ndipo kumbuyo kwake mzere kunalibe.

Golokipa wa Mulanje anavula sokosi imodzi n'kuyamba kuidzaza. Woimbira mpira analavula wezulo n'kuvula chipewa. Apa a Ephraim anachita chinthu chimene mpaka lero amadzifunsa. Anakweza chimkuzamawu mpaka kumapeto.

"Chonde, chonde, musatole! Ameneyo ndi feteleza, ndi yureya weniweni!"

Abale anga, anthu a m'mitengo aja sankadziwa. A kumsika sankadziwa. Tsopano anauzidwa.

Chingwe chinaduka malo anayi nthawi imodzi. Mpikisano wothamanga umene unakonzedwa kuti ukhale masana unachitika pomwepo, wopanda woimbira, ndipo anapambana ndi agogo ena a ndodo amene ndodoyo anaisiya m'mbuyo. Madoda a bawo anakhuthula nkhomo pansi n'kusandutsa bawolo mbale. Anyamata a kabaza ankathira m'matumba a mathalauza. A ku Mzimba, anthu a dongosolo, anapanga mzere n'kumapatsirana zipewa kuchokera pa kaphiri kaja, bwana atakweza miyendo pampando, akupukuta misozi ya kuseka. Mbuzi ya mphoto inadula chingwe n'kuthawira kudambo, palibe anaithamangitsa. Fumbi linakwera ngati kamvuluvulu, ndipo litatsika bwalo linali lofiira ngati kale, loseseka bwino kuposa pakhomo pa mfumu.

A Ephraim anali atakhala pansi pafupi ndi golo, chimkuzamawu pamiyendo. Ndipo taonani akubwera a Fainala, amene anafika pabwalo chipwirikiti chili m'kati, thukuta kamukamu, duku lili pambali, nkhope yowala ngati tsiku la ukwati wawo. M'manja ananyamula kabeseni ka mandasi, mandasiwo atawakhuthulira pansalu, m'kabesenimo muli yureya wosakanikirana ndi mchenga, wokwana mwina makapu asanu.

"Bambo a Shalom, mwangokhala? Anzanu akutola inu mukulondera chimkuzamawu? Taonani ndapeza. Ndinachita kukankhana ndi azibambo." Anaseka n'kutsitsa mawu. "Koma ndani chitsiru chimenechi chotaya feteleza pansi? Mkazi wake ndamumvera chisoni. Uyu tikaphatikiza ndi thumba lathu lija, chaka chino tigona pa chimanga."

A Ephraim anayang'ana kumwamba, anayang'ana nsapato zawo. A Lemani, amene anaima chapafupi, anayamba kusesa pamalo poti panalibe chinyalala. Nthawi yomweyo anafika kaputeni wa Mzimba, chipewa chodzaza atachikumbatira pachifuwa, n'kuchiika pansi kuti agwire dzanja la a Ephraim ndi manja awiri.

"Yewo chomene, a kalaliki. Thumba lathunthu kugawira anthu osauka! Chaka chamawa mudzachitenso."

Kumwetulira kwa a Fainala kunatsika pang'onopang'ono ngati mbendera. Anayang'ana kabeseni, anayang'ana amuna awo, anayang'ananso kabeseni. Sanakalipe. Anangofunsa mofatsa ngati pansi pa bedi pali chimene iwo anasiyapo m'mawa. A Ephraim anayankha kuti matabwa alipo, ndi pepala lomwe.

Masewero anachitikabe masanawo popanda mizere, ndipo anakoma zedi. Mzimba inakoka Dedza mpaka m'ngalande, Olive anamwetsa zigoli khumi ndi ziwiri, mbuzi inapezeka n'kupita ku Phalombe. Mu Ogasiti madimba a dera lonselo anabiriwira mochititsa kaso, tomato wa Olive ngati zibakera.

Mvula itagwa, munda umodzi wokha ndi umene unali wachikasu: mizere isanu yakutsogolo yobiriwira, kwinako chimanga chofika m'mawondo. M'mundamo munkaoneka bambo wina wa bolopeni ziwiri, khasu m'manja, akutuntha manyowa a m'khola la eni ake pa wilibala, akazi awo atakhala pachulu kumuwerengera maulendo. Odutsa panjira ankamupatsa moni kuti, "Muli bwanji, a Chipale?"

A Ephraim ankati angobwereka, madzulo asesa. Anaiwala kuti fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwa mphepo.