Kanyimbi Anyoza Khoti la a Njati

Padangotero, chaka chimene chilala chinapsereza ndi nsenjere zomwe, Njiri anachokera kudambo kofukula mizu n'kupeza Kanyimbi atagona m'dzenje la Njiriyo, kamimba kali tiii. Makoko a chinangwa chimene Njiri anasungira ana ake anali mbwee pakhomo.

Njiri anali ndi mano oti akanang'amba kanyamako pakati, koma mkazi wake anamugwira mchira, nati nkhani zotere amaweruza ndi akhoti. Choncho Njiri anakasuma kwa a Njati, amene ankaweruza milandu patsinde pa mkuyu. A Njati analamula kuti Kanyimbi atuluke m'dzenjemo dzuwa lisanapendeke.

Kanyimbi anatulukadi. Anadziwongola, anakodza pachulu, n'kulowanso.

"Chigamulo chati ndituluke, achimwene, ndipo ndatuluka," anatero ali m'katimo. "Zoti ndisabwerere sindinazimve."

Njiri anabwerera kumkuyu. Ulendo uno a Njati analamula kuti Kanyimbi asapondenso phazi m'dzenjemo, ndipo anatuma Nyani, mesenjala wa khoti, kuti akaonetsetse. Anakapeza Kanyimbi akulowa chagada, akudzikhwekhwereza ndi msana, timiyendo tili m'mwamba. Kanyimbi anaonetsa Nyani mapazi ake kuti aone ngati anali ndi dothi la m'katimo, kenaka anamupatsa chinangwa. Nyani anatafuna, anakanda m'mutu, nati iye sakuonapo lamulo lophwanyidwa.

Njiri anakasumanso kwa a Njati. Ana ake ankagona pamtetete, nkhupakupa zitawadzadza m'makutu, pamene mesenjala ankanyambita zala ndi chakudya chawo.

Tsopano a Njati anapsa mtima, naitanitsa Kanyimbi pa mlandu wonyoza khoti. Kanabwera kakutsimphina, kanagwada, kanawomba m'manja mwaulemu, mpaka nyama zina zinayamba kunong'onezana kuti mwina Njiri ndiye wouma mtima.

"Ndalakwa, bwana woweruza," anatero Kanyimbi. "Dzenje ndibweza lero. Mungondilola ndikasesemo kaye. Sindingabweze nyumba ya munthu wamkulu ili ndi zinyalala."

A Njati anavomera. Khoti lonse linamuperekeza. Kanyimbi analowa ndi tsache, anakhalamo kanthawi, kenaka anatuluka mofulumira n'kuuza Njiri kuti alowe, nyumba ndi yake.

Njiri anangolowetsa mutu. Fungo limene linamulandira linali ngati mazira owola osakaniza ndi mtembo wa galu wa masiku ambiri. Linamulowa m'mphuno, m'maso, mpaka pansi pa lilime. Anabwerera chafutambuyo n'kusanza mizu yonse imene anadya m'mawa, ana ake akuonerera.

A Njati analamula Nyani kuti amange wonyoza khotiyo ndi luzi pompo. Kanyimbi sanathawe. Anatembenuka modekha, anaonetsa woweruza mbuyo, n'kuimika mchira.

Zimene zinatsatira, akuluakulu safuna kuzifotokoza pa nthawi ya chakudya. Nyani anataya luzi n'kukwera mtengo akutikita maso. Mboni zinabalalika. A Njati, amene sanathawepo ngakhale mkango, anathamanga mpaka kuseri kwa chulu, n'kuyamba kupukuta mphuno pa udzu. Ali komweko anakuwa ndi mawu a m'mphuno kuti khoti lapeza Kanyimbi wolakwa, ndipo wapambana mlandu ndi Njiri.

"Zikomo, bwana. Ine chigamulo ndimalemekeza," anayankha Kanyimbi, n'kulowa m'tchire akuseka, katundu wa chinangwa chotsala ali pamutu.

Njiri anatsala yekha pakhomo pa dzenje lake. Anawina mlandu nthawi zonse zimene anasuma, ndipo palibe amene anamulandanso nyumbayo, poti panalibe woifuna. Mvula itayamba, analibe kwina kopita ndi ana. Anaima pakhomo, analavula, anatembenuka, n'kulowa chafutambuyo.

Mpaka lero njiri imalowa m'dzenje choncho, matako patsogolo, mphuno ili kunja.