Chiletso Pakati pa Mapanga Awiri

Kale, makoleji akadali owerengeka m'dziko muno, pa koleji ina ya aphunzitsi padali mwambo wa mpikisano wa mtsutso. Aphunzitsi ankapereka mutu, ophunzira n'kugawikana pawiri: ovomereza ndi otsutsa. Gulu lopambana ndilo linkapita kumzinda kukaimira koleji yonse. Kuseri kwa kolejiyo kudali phiri la mapanga awiri, ndipo gulu lililonse linkakonzekera m'phanga lake kuti anzawo asabe mfundo.

Pa ophunzira onse, wolankhula mogwira mtima adali mnyamata wina dzina lake Chiletso. Ankatha kuikira kumbuyo nkhani m'mawa, madzulo n'kuigwetsa yekha, anthu n'kumuwombera m'manja kawiri konse.

Chaka china mutu udali wakuti mtsikana amene wabereka aziloledwa kubwerera kusukulu. Ovomereza adawatsogolera mtsikana wofatsa, Lekeleni, pomwe otsutsa adawatsogolera Sautso. Chiletso adalakalaka ulendo wa kumzinda, koma sadadziwe gulu lomwe lidzapambane. Choncho adauza Lekeleni kuti ali naye, ndipo mwamseri adauzanso Sautso zomwezo.

Tsiku lina m'phanga la ovomereza, Lekeleni adalankhula motsitsa mawu. "Anzanga, nkhaniyi kwa ine si mpikisano chabe. Ndili ndi mwana kumudzi, akumulera mayi anga. Akuluakulu a koleji akadziwa, andichotsa. Ndakuuzani kuti mudziwe chimene tikumenyera."

Onse adalonjeza kusunga pakamwa. Koma Chiletso adaona kuti wapeza chogulira malo kwa otsutsa. M'mawa mwake adakanong'oneza Sautso. "Ukangoitchula nkhaniyi pabwalo, Lekeleni sayankhulanso."

Chiletso atachoka, Sautso adapita kwa Lekeleni n'kumufotokozera zonse.

Masana a tsiku lotsatira, Chiletso akukwera phiri, mitambo idada bii, mvula yamphamvu n'kuyamba. Adathamangira kuphanga la ovomereza. Palibe adamuthamangitsa, koma palibenso adasendera kuti akhale.

"Chiletso," adatero Lekeleni, misozi ili m'maso, "ndidakuuza za mwana wanga ngati mlongo wanga. Iwe wakamusandutsa mfundo?"

Chiletso adatembenuka n'kuthamangira kuphanga linalo, akuterereka m'matope. Pakhomo adapeza Sautso ataima.

"Ife tikutsutsa mutu, sitikutsutsa munthu," adatero Sautso. "Dzulo udabweretsa chinsinsi cha Lekeleni. Mawa udzapita ndi chathu kwa yani?"

Chiletso adabwerera. Manyazi adamuletsa kupita uku, adamuletsanso kupita uko. Adangoima pathanthwe pakati pa mapanga awiriwo, mvula ikumukhuthukira, mpaka idakata. Potsika phiri adali akunjenjemera, ndipo chifuwa chidamugwira kotero kuti mawu adatsekeka.

Tsiku la mpikisano adakhala kumbuyo kwenikweni, atafunda bulangete. Otsutsa adalimbana ndi mfundo zokhazokha, za mwana uja osazitchula. Lekeleni adalankhula modekha, gulu lake lidapambana, ndipo Sautso ndiye adayamba kumugwira chanza.

Anthu akubalalika, mphunzitsi woyang'anira mtsutso, a Chimkwita, adaima pafupi ndi Chiletso. Ophunzira adali atawauza kuti mnyamatayo adalonjeza magulu onse awiri.

"Mwana wanga," adatero, "tidakuphunzitsa kuona mbali zonse ziwiri kuti uzimvetsa anzako, osati kuti ukhale wopanda mbali. Ukadasankha phanga limodzi, ngakhale lodontha, ukadauma. Mapanga awiri avumbwitsa."

Mawuwo adafalikira, ndipo mpaka lero akuluakulu amawanena. Tanthauzo lake n'lakuti munthu wofuna kudalira mbali ziwiri nthawi imodzi, osakhulupirika ku iliyonse, amataya zonse. Mavuto akagwa, aliyense amamuyesa wa kwinako, ndipo amatsala yekha pamtetete.