Ndevu za Mlonda wa Padoko

M'mawa uliwonse Clive Hathersage ankapesa ndevu zake pagalasi la kukhitchini, tiyi akuzizira patebulo. Zinali ndevu zotuwa, zofika pachifuwa, ndipo ndizo zinkamudyetsa. Kwa zaka khumi ndi ziwiri ankasewera ngati mlonda wa padoko m'sewero la pa TV lomwe linkajambulidwa m'tauni mwathu, kugombe la Yorkshire. Mawu ake sankachuluka: "Bwato lafika," kapena "Kukubwera mphepo." Komabe anthu ankamukonda, ndipo m'pangano lake la ntchito munalembedwa kuti ndevuzo lumo lisaziyandikire.

Matenda a Clive anali kulota ali maso. Akaima kuseri kwa osewera akuluakulu, maso ali kunyanja, ankadziona atavala suti yoyera, dzina lake likuwala pamwamba pa chikwangwani ku London, kamvula kakuwaza pang'onopang'ono.

Tsiku lina foni inalira. Kunkafunika bambo wachikulire wosalala kumaso, wopanda ndevu, woti akhale mwini nkhani m'filimu yatsopano, ndipo Clive anaitanidwa kukayesedwa pamodzi ndi ena.

"Akuti mukayesedwe, sanati akutengani," anatero mkazi wake Noreen akupaka batala pabuledi. "Lolemba muli ndi ntchito padoko. Pitani nazo ndevuzo."

"Akandiona nazo angoona mlonda basi. Ndatopa kulengeza mabwato a eni."

"Nanga ine ndikudziwani bwanji? Chibwano chanucho ndinachiona komaliza tsiku la ukwati."

Mawuwo analowera khutu ili n'kutulukira linalo. Loweruka m'mawa ndevu zinali mbwee m'sinki. M'sitima yopita ku London, Clive anatsamira zenera, minda ndi nkhosa zikuyandama m'nkhungu, iye akumva kale kuwomba m'manja kwa anthu amene kunalibe. Kuyesedwako kunatenga mphindi zinayi. "Zikomo bambo, tikuimbirani," anamuuza choncho.

Lolemba, mayi Fenella, wotsogolera sewero lija, anamuyang'anitsitsa pachibwano atangofika padoko. Gawo lomwe ankajambula anali ataliyamba Lachisanu, mlonda ali ndi ndevu zake.

"A Clive, munthu angalowe m'nyumba ndi ndevu n'kutuluka alibe? Mwatichita zotani?"

Anamumata ndevu zogula. Koma mphepo ya padoko lathu siseka ndi munthu. Atangoti "Bwato," ndevu zinamatuka mbali imodzi. Anamatanso. Kachitatu zinauluka, n'kudutsa pamwamba pa mabwato, n'kukatera pamadzi, aliyense akuziperekeza ndi maso. Palibe anaseka. Dzuwa linapendeka, ntchito ya tsiku lonse n'kuwonongeka.

Patatha mwezi, olemba sewero anamukweza mlonda uja m'bwato lomwe silinabwerenso. Za ku London, foni ili zii mpaka lero.

Chimene chimandiwawa ine n'chakuti ndevuzo zinameranso, zokongola kuposa kale, ntchito itapita. Masiku ano Clive amakhala pabenchi la padoko, akuyang'ana kumene nyanja imakumana ndi mitambo. Alendo amamuzindikira n'kumupempha kuti, "Tanenani mawu anu aja." Iye amaimirira, n'kusisita ndevu, n'kunena motsitsa kuti bwato lafika. Noreen amayang'ana kumbali, kenako amamugwira mkono kuti azipita kunyumba.

Akulu sananame: fodya wako ndi uyo ali pamphuno, wapachala ndi wamphepo.