Khomo Liyang'ane Khomo

Panali munthu wina wogulitsa kaunjika amene anamva za malo aulere. Inde, aulere: puloti ya m'tauni, mpopi uli pafupi, msewu uli pomwepo, osalipira ngakhale tambala. Ine ndakalambira pamsika, ndipo ndikamva mawu akuti ulere ndimayamba ndagwira kaye thumba langa. Iyenso anali wotero. Koma lendi inali itamutopetsa. Anali atasamuka kanayi pa zaka zitatu, moti kabati ya mkazi wake inatha miyendo chifukwa chokwezedwa ndi kutsitsidwa.

Mwini malowo anali mkulu wina wopuma pa ntchito ya njanji, a Mbalule. Akazi awo anamwalira, ana anali ku Joni, ndipo theka la puloti yawo munkangomera chisoso.

Wakaunjika uja anapita atakonzeka kunenerera, popeza ndiyo inali ntchito yake.

"Madala, tiuzeni mtengo weniweni."

"Palibe mtengo," anatero a Mbalule. "Mangani nyumba yanu apo. Tilemberana pamaso pa mboni kuti malowo ndi anu ndi ana anu."

"Nanga inu mupindulapo chiyani?"

"Chimodzi chokha. Khomo lanu liyang'ane khomo langa."

Munthu uja anadikira kuti amve zina. Panalibe zina. Pakamwa panamuyabwa kuti anenerere ndithu, koma chinthu chaulere ungachitsitse bwanji? Anasaina.

Mkazi wake anatenga ngongole ku banki m'khonde. Njerwa anaumba okha pamalo pomwepo, n'kuwotcha ndi nkhuni zongopemphetsa. Malata ankagula awiriawiri, mwezi ndi mwezi, malonda akayenda. Mvula yachiwiri isanagwe analowa m'nyumba ya zipinda ziwiri, yopanda pulasitala, koma yawoyawo. Kumsika wakaunjika ankadzitama kuti wabera nkhalamba dzuwa likuswa mtengo.

Kenaka anayamba kulimva khomo lija. Akatsegula m'mawa, a Mbalule amakhala ali kale pampando pakhonde pawo, chipewa chili pabondo.

"Mwadzuka bwanji, aneba?"

Moni wa mkuluyo sunali waufupi. Unkayambira pamsana, kutsikira m'mawondo, n'kukathera pa sitima ina imene inachedwa kalekale wakaunjikayo asanabadwe. Pofika kumsika, anzake amakhala atasankha kale mabelo abwino. Akabwera ndi kanyama m'jumbo, mkuluyo ankaona. Akakangana ndi mkazi wake, m'mawa mwake ankafunsidwa mwaulemu ngati mphepo ya dzulo ija yadutsa.

Tsono anatulutsa pepala lija n'kuliwerenganso mofatsa. Linati khomo liyang'ane khomo. Silinanene kuti nyumbayo ikhale ndi khomo limodzi. Anaboola khoma lakuseri, anaikapo chitseko chachiwiri, ndipo banja lonse linayamba kutulukira kumeneko, poti ndiko kunali kufupi ndi msewu. Khomo lakutsogolo linakhala chitsekere, likuyang'anabe khomo la mkuluyo monga mwa pangano.

A Mbalule sanadandaule. Anazungulira kukachiona chitseko chatsopanocho, anachigogoda ndi chala, anafunsa mtengo wake. Atamva anangoti, "Akuberani, aneba," n'kubwerera pampando wawo.

Panapita miyezi itatu. Tsiku lina masana mkazi wa wakaunjika anafuna kubwereka nkhwangwa. Atazungulira kutsogolo anapeza chitseko cha mkuluyo chotseka, mpando palibe pakhonde, nkhuku zikulira m'khola. Anagogoda. M'katimo munamveka mawu apansipansi. Anthu atathyola chitseko anapeza a Mbalule ali pansi, pambali pa bedi. Anali atagwa dzulo lake m'mawa, mwendo n'kukana kudzuka. Anagona pasimenti tsiku lathunthu ndi theka, akuitana, mapazi khumi ndi asanu okha kuchokera pakhomo la aneba awo.

Wakaunjika anasiya katundu pamsika, anawatengera kuchipatala. Atapeza bwino pang'ono, anawafunsa.

"Madala, bwanji simunanene kuti khomo lija linali la zimenezi?"

"Ndikanatchula, mukanati ndi ntchito ya ulonda, n'kuyamba kunenerera," anatero mkuluyo. "Mnzanga wina wa kunjanji anthu anamupeza atafa patatha masiku anayi. Zinayamba kumudziwa ndi ntchentche. Ine malo ndili nawo ambiri, aneba. Chimene ndinalibe ndi munthu woti akaona chitseko changa chili chotseka dzuwa litakwera, adabwe."

Munthu wa pakamwa uja anatuluka m'chipatalamo. Anabwerera kwawo, anazula chitseko chakuseri ndi felemu yomwe, anakanda matope, n'kutseka bowolo ndi njerwa yekha, osaitana mmisiri. Mzere wake unapindika, ndipo mpaka lero umaoneka. A Mbalule potuluka m'chipatala anapeza khomo lakutsogolo lili lotsegula, ndi mpando wachiwiri pakhonde.

Tsono inu amene mwasonkhana kuti mugule malo pamodzi, mapulani anu ndawaona. Aliyense wajambula mpanda wautali kuposa nyumba yake, ena mpaka mabotolo osweka pamwamba, chikhalirecho ndalama ya malata sinakwane. Mangani, ndalama ndi zanu. Koma musanagule mageti, funsanani kaye kuti ndani adzadabwe tsiku limene chitseko chanu sichidzatseguka. Ameneyo muikeni moyang'anana nanu, ngakhale akhale wolongolola.

Mukufuna kudziwa amene analipira? A Mbalule anapereka theka la puloti, ndipo anakhala zaka zina zisanu ndi chimodzi, akuyendera ndodo. Sanadzione kuti aluza. Wolipira anali wakaunjika: njerwa zana limodzi ndi makumi anayi, chitseko chimene anachigulitsa pa theka la mtengo wake, ndi theka la ola m'mawa uliwonse kwa zaka zisanu ndi chimodzi, osadumpha ngakhale Lamulungu.